Chigamulo Chomwe a Levison Anasuta

Agnesi anakwatiwa ku Lukwa mwa chitengwa. Mwamuna wake Duncan atamwalira, dothi la pamanda lisanaume n'komwe, achimwene a malemuyo, a Levison, anali atayamba kale kuyeza munda ndi mapazi. Unali munda wa katondo woyang'ana kudambo, umene Agnesi ndi mwamuna wake anazulamo zitsa okha. Ana ake atatu ankadya za m'menemo. Kwina kolima analibe.

Nkhani inakafika kukhoti la majisitireti pa boma, ndipo chigamulo chinatuluka mu Okutobala, dzuwa likuswa mtengo. Munda ndi wa namfedwa ndi ana ake, a Levison asapondemonso.

Mesenjala wa khoti, a Mphepo, anabwera ndi pepala la chigamulocho panjinga. Anawapeza a Levison akusewera bawo pakhonde la sitolo ya Ayub. Iwo analandira, nang'amba pakati, n'kupichiramo chingambwe. Moto anapempha kwa mesenjala yemweyo.

"Mukawauze a majisitireti kuti mapepala awo amayaka bwino," anatero, utsi ukutuluka m'mphuno.

Chimene ankadalira a Levison aliyense ankachidziwa. Kuno munthu amene wabzala sachotsedwa m'munda mpaka akolole, ngakhale mlandu umugomere bwanji. Choncho mvula yoyamba itangogwa anazula mbande ku nazale, nawokera fodya munda wonse. Feteleza wa makuponi, wawo ndi wa akazi awo, amene boma linati ndi wa chimanga, anamuthira yense m'fodyamo. Chimanga cha kuseri kwa nyumba yawo chinangotsala chachikasu, chofika m'mawondo.

Agnesi anakanena kukhoti tsiku lomwe anawokeralo, koma anamuuza kuti adikire tsiku la mlandu. Anadikira akuchita maganyu m'minda ya eni, madzulo n'kumadutsa m'malire mwa munda wake. Fodya anali atabiriwira, masamba ngati malichero.

"Alamu, mwabwera kudzaona mmene amuna amalimira?" anafunsa a Levison atatsamira khasu.

"Ndabwera kudzayendera waganyu wanga," anayankha Agnesi. "Chakumunsi uko mwasiya udzu, alamu. Mupalire bwino."

Mlandu wonyoza khoti unalowa fodya atafika m'chifuwa. A Levison anapita atavala jekete la ku ukwati, mwambo uli pakamwa. Anaufotokoza bwino ndithu, mpaka kutchula agogo awo. Majisitireti, mayi wa magalasi amene sankakweza mawu, anawasiya mpaka malovu atauma.

"Munabzala chigamulo chisanafike kapena chitafika?"

"Mvula ndi imene inandikakamiza, bwana."

"Pepala limene tinakutumizirani lili kuti?"

"Linasowa. Mwina ana."

A Mphepo anaimirira pambali pa chitseko. "Moto ndinapereka ndine, bwana. Anandituma kuti ndidzakuuzeni kuti mapepala anu amayaka bwino. Ndinachita manyazi kufikitsa uthengawo."

Anthu anaseka mpaka wapolisi anamenya tebulo. Majisitireti sanaseke. Anati mwambowo umateteza munthu amene anabzala asakudziwa kuti munda si wake, osati wobzala dala kuti atseke pakamwa pa khoti. A Levison akakhale kundende miyezi iwiri, ndipo zonse zomera m'mundamo ndi za mwini munda. Jekete lija apolisi anawavula pakhomo, nalipereka kwa akazi awo.

Agnesi anathyola fodyayo ndi ana ake, nasoka, napachika m'chigafa chimene Duncan anasiya. Chinadzaza mpaka anawonjezera mapanda ena.

A Levison anatuluka masamba atafiira kale, mutu uli mbee, kunyumba kwawo nkhokwe ili pululu. Agnesi sanafune kuti anthu azinena kuti ndi wouma mtima. Anatola zinyenyeswa za fodya zogwera pansi pa chigafa, nadzaza chikhatho, n'kukawapatsira yekha pakhonde la Ayub, azibambo a bawo akuona.

"Malipiro anu awa, alamu. Munalima bwino. Koma pepala mupeze nokha."