Bondo la Fortuna

Ndamusokera Fortuna zovala kwa zaka makumi awiri ndi zisanu. Pamene tinkadziwana n'kuti atasiya kale dzina lachimuna limene makolo ake anamupatsa, ndipo mu Napoli monse ankamutchula kuti mayi wa nthenga. Ntchito yake inali kuvina akuvula pang'onopang'ono, kuyamba magolovesi, kenako diresi, uku akudzitchinga ndi zokupizira ziwiri za nthenga za nthiwatiwa. Anthu ankabwera kudzaona thupi, koma ankabwerera nthiti zikuwawa ndi kuseka, chifukwa pakamwa pake panali pakuthwa.

Chaka chatha anakwanitsa zaka makumi asanu ndi limodzi, bondo lakumanzere litatheratu. Pokwera masitepe a kunyumba kwake ankapuma katatu.

Tsiku lina masana, ndikumuyeza m'chiuno, kunabwera mayi wina dzina lake Ludovica, wokonza chikondwerero cha zovina ku Torino.

"Mayi Fortuna, tikufuna tikulemekezeni," anatero. "Mudzakhala pampando pakati pa siteji, mudzafotokoze mmene munavutikira. Za apolisi, za abale kukukanani, zonsezo."

"Nanga kuvina?"

"Ovina tili nawo, atsikana khumi ndi awiri. Inu mudzapume."

Mlendoyo atapita, Fortuna anakhala pansi n'kuyamba kusisita bondo lija.

"Wamva, Nunzia? Moyo wanga wonse ndaphunzira kuvula golovesi ndi mano, iwo akufuna ndikawalirire."

"Ndiye ukana?"

"Ndatopa nako kukana. Tandikulitsira diresi lobiriwira lija, mimba yakula."

"Yakula ndi mbale za pasita zomwe umadya tsiku lililonse."

"Iwe soka, usamandiwerengere mbale."

Tinapita pa sitima, iye mwendo atauika pa chikwama changa ulendo wonse. Mwambowo unali Lamlungu masana, holo itadzaza. Atsikana aja atamaliza kuvina, Fortuna anakhala pampando monga anamuuzira, natenga chimkuzamawu.

"Bambo anga ankandimenya," anatero. "Apolisi anandimeta tsitsi kawiri. Mayi anga anamwalira asananditchulepo dzina langa. Nkhani yake ndi yomweyo. Achimwene a makinawo, tandiikirani nyimbo."

Woika nyimboyo anayang'ana Ludovica. Ludovica anangotambasula manja. Inalira nyimbo ya lipenga, yozizira, ndipo ine ndinamupatsira zokupizira zake kuchokera kuseri kwa katani, poti tinali titapangana kale.

Anavina bwino. Phewa linkayenda lokha ngati kale, ndipo golovesi loyamba anatenga nalo nthawi mpaka bambo wina wa kutsogolo anayamba kupempha atagwira m'mutu. Koma potembenuka kuti amasule diresi, bondo linamukana. Anagwa chogwada, chokupizira chimodzi n'kuthyoka pansi pake. Ali pomwepo anavula nsapato n'kuiponyera bambo uja, kenako inzake, namaliza nyimbo yonse ali chogwada, akumwetulira. Anthu anaimirira n'kuwomba m'manja poyesa kuti gule wake ndi wotero. Ine ndinaona thukuta pakhosi pake, ndinadziwa kuti sangathe kudzuka yekha.

Katani itatsekedwa tinamunyamula anthu atatu. Bondo linali litayamba kutupa. Atsikana aja anamuzungulira, wina akumupsompsona dzanja, wina akufunsa kuti kugwa kokongola chotere anakuphunzira kuti.

"Ayezi, ana inu," anatero Fortuna. "Ndipezereni ayezi."

Ludovica anabwera misozi ili m'maso, nati chaka chamawa adzabwerenso. Fortuna anangogwedeza mutu, maso ali chitsinzinire.

Anamuchita opaleshoni mwezi wa Malichi. Amayenda ndi ndodo tsopano, ndipo pasiteji sanabwererenso. Ludovica waimba foni kangapo, iye sayankha.

Lachitatu lililonse masana ndimakankhira makina anga osokera kukhoma, ndipo kumabwera amayi anayi kudzaphunzira kuvina kwa Fortuna. Wina amagulitsa nsomba pamsika, wina ndi namwino wopuma ntchito, awiri enawo ndi anzake a Fortuna amene anasintha mayina atakula kale. Fortuna amakhala pampando n'kumagogoda ndodo pansi.

"Ukuthamangira kuti, Carmela? Nsomba zako sizithawa. Bwerezanso."

Nthawi zina amagona phunziro lili mkati. Ife timangotsitsa wailesi n'kumusiya.