Chigawo cha Pamanda

"Bwezanso," anatero Alastair.

Bronagh, wolumikiza zithunzi, anabweza filimu ija. M'kachipinda kawo ku Soho tiyi anali atazizira. Pa sikirini, Rhodri Maddock anavula chipewa pamanda. Sanayankhule. Anangochipinda, chibwano chikunjenjemera. Pambali pake panaima Alastair mwiniwake, akukhuthula mawu ataliatali. Koma maso ankathawira kwa Rhodri.

Alastair Penhale ndiye ankatsogolera filimuyi. Gawo lalikulu linalinso lake. Iye ndi Rhodri anayambira limodzi zisudzo mumzinda wa Hull, chipinda chimodzi, mbale imodzi ya tchipisi. Alastair anapita ku mafilimu, natchuka. Rhodri anatsalira m'maholo a m'matauni aang'ono mpaka imvi. Iyi inali filimu yake yoyamba. Ankaonekamo pamanda pokhapa.

"Chigawochi chikuchedwetsa nkhani," anatero Alastair.

"Chikuchedwetsa nkhani kapena chikukuphimbani, bwana?" Bronagh anaseka. "Ine ndalira kawiri. Inetu sindinalire ngakhale pa ukwati wanga."

"Wangopinda chipewa basi!"

"Eya. Inu mwapinda pakamwa tsamba lonse la mawu. Ndani akukumbuka?"

Alastair anatafuna bisiketi. Ku Hull zinkateronso. Iye ankafuula mpaka kusasa mawu. Rhodri ankangokhosomola, holo yonse n'kutembenuka.

Foni ya Alastair inalira. Anali Rhodri.

"Aise! Ndagula suti. Yondithina m'mimba, koma ndipirira. Tsiku loonetsa filimu ndibwera ndi mlongo wanga. Wauza msewu wonse. Ndatuluka bwanji? Ngati mbatata?"

"Watuluka bwino," anatero Alastair.

"Ndimadziwa kuti sungandiiwale, mbala iwe."

Foni itaduka, Bronagh anamuyang'anitsitsa.

"Mwamva nokha. Mnzako akapsa ndevu m'zimire. Inu mukufuna kuthirapo mafuta?"

"Atambala awiri salira m'khola limodzi."

"Uyu sanalire n'komwe."

Alastair anaimirira, napita pawindo. Kunja mvula inkawaza pa maambulera. Anadziwa kuti chigawocho chinali chabwino kuposa zonse zimene anajambulapo. Anadziwanso dzina limene anyuzipepala adzayambe kutchula.

"Dula," anatero. "Usiye pamene kamera ili pa ine."

"Mumuuza ndinu."

"Ndimuuza."

Bronagh anadula, osamuyang'ananso. Pa sikirini panatsala Alastair akulankhula pamanda, ndi phewa la munthu wina m'mphepete.

Alastair anatulutsa foni. Anapeza dzina la Rhodri. Kenako anaibweza m'thumba, natenga jekete.