Mavoti Makumi Anayi ndi Atatu

Nihada anali kutsuka timakapu ta khofi pamene mchimwene wake Elvedin analowa kukhitchini ndi pepala m'manja.

"Tawerenga," anatero. "Alemba ndi Bambo Ekrem. Akufuna ndikawerenge mawa pa wailesi ya kanema."

Linali tsiku lachinayi chiikireni m'manda bambo awo, Šefik Bjelak, amene anakhala phungu wa nyumba ya malamulo ya chitaganya ku Sarajevo kwa zaka khumi ndi zisanu ndi chimodzi. Pachisankho cha mu Okutobala anagonja kwa mphunzitsi wa chipani china, Mayi Jasminka, ndi mavoti makumi anayi ndi atatu okha. Patatha masabata atatu, mtima wawo unaima akusesa masamba pansi pa mitengo ya maapozi kuseri kwa nyumba.

Pepalalo linkanena kuti mavoti a m'midzi iwiri ya kumtunda anabedwa, ndipo chisoni ndicho chinapha phunguyo. Bambo Ekrem, mkulu wa chipani m'tauniyo, anali pabalaza ndi anzake, akudikira yankho.

"Alemba bwino," anatero Nihada. "Pa misonkhano ya bambo chaka chino anabwera kangati?"

"Usayambe."

"Ndikungofunsa. Ulendo woyamba bambo anapeza mavoti zikwi khumi ndi chimodzi, Ekrem yemweyu akuwanyamulira ambulera. Bambo atakana kuvotera zotseka mtsinje wathu, chipani chinawataya. Zithunzi za kampeni tinamata ndife, iwe ndi ine, mvula ikugwa. Lero akulira kutiposa ife?"

Elvedin anayang'ana pawindo. Anali ndi zaka makumi atatu ndi zisanu, ndipo ntchito yokha imene ankaidziwa inali yoyendetsa bambo ake ndi kuwayankhira foni.

"Akuti andiika pamndandanda wa opikisana pa chisankho cha khonsolo," anatero motsitsa mawu. "Iwe uli ndi ntchito yako kuchipatala, Nihada. Ine ndatsala ndi dzina basi. Ndiye dzinalo lithere pa kugonja kwa mphunzitsi wa masamu?"

Mayi awo, a Mubera, analowa ndi mbale ya haluwa, chakudya chotsekemera chimene amagawira olira. Anaiika patebulo, n'kutenga pepalalo, n'kuliwerenga pang'onopang'ono atalitalikitsa ndi maso.

"Midzi iwiriyi bambo ako anapitako okha," anatero. "Lolemba chisankho chitatha, anakhala pansi ndi anthu awo amene anaonerera kuwerenga mavoti. Atabwera anandiuza kuti, 'Mubera, awerenga bwino. Anthu atopa nane.' Kenako anapempha nyemba."

"Ndiye sizinawapweteke, amayi?"

"Zinawapweteka. Masiku awiri sanalankhule ndi munthu, ngakhale ine. Koma sanaberedwe, mwanangu. Ukanena kuti anaberedwa, ukhala wawanamizira."

Belu la pakhomo linalira. Nihada atatsegula, anapeza Mayi Jasminka ataima ndi paketi ya khofi ndi shuga. Anavula nsapato zawo zamatope pakhonde, pakati pa nsapato za alendo ena, n'kulowa. Pabalaza nkhani zonse zinatha.

"Mwabwera kudzayesa mpando ngati ukukwanani?" anatero Bambo Ekrem, akutakasa khofi.

"Ndabwera kudzapepesa, Bambo Ekrem. Mpando uli ku Sarajevo."

A Mubera anawakhazika pafupi nawo ndi kuwathirira khofi. Mayi Jasminka anagwira kapu ndi manja awiri osamwa.

"Ndinaganiza zosabwera," anatero, akuyang'ana Elvedin. "Koma pali chimene ndafuna mudziwe. Lachinayi chisankho chitatha, bambo anu anabwera kusukulu. Anadikira pabenchi ya ana mpaka nditamaliza kalasi. Anandipatsa mafayilo a mlatho wa kumtunda, n'kundiuza ofesi yoti ndikagogode, ndi munthu amene amanena kuti 'mawa' pomwe akutanthauza kuti 'ayi'. Anandilembera mayina a amasiye asanu ndi mmodzi amene nkhani zawo za penshoni zinali zisanathe."

"Midzi ya kumtundayo ndi imene sinawavotere," anatero Elvedin.

"Ndinawakumbutsa zimenezo. Anati mtsinje ukadzaza, ana a kumeneko amajomba kusukulu, kaya makolo awo anavotera yani. Anandiuzanso kuti ndimalankhula mothamanga, m'nyumba ya malamulo adzagona ndisanafike pakati."

Nihada anaseka, misozi ili m'maso. Zinali zonena za bambo ake ndithu.

Elvedin anakatenga pepala lija kukhitchini. Analipinda pawiri, nawoloka pabalaza, n'kuliika pambali pa kapu ya Bambo Ekrem.

"Ngati mukulikhulupirira, kaliwerengeni nokha."

"Ganiza bwino, mwana wa Šefik. Mndandanda sudikira munthu."

"Ndamva, bambo. Imwani khofi, akuzizira."

Bambo Ekrem anaika pepalalo m'thumba la jekete. 

Elvedin anatuluka pakhonde kuti apume mpweya. Nsapato za alendo zinali mbwee, zina zitagadabuzika. Anaziyang'ana kanthawi, kenako anagwada n'kuyamba kuzindandalika, iliyonse kuitembenuza kuti iloze kunja, mwini wake akamatuluka angolowetsa phazi. Za Bambo Ekrem anazitembenuzanso. Atafika pa za Mayi Jasminka, anatenga kansanza n'kupukuta matope.

A Mubera anali ataima pakhomo.

"Bambo ako sankalola munthu wina kuchita zimenezo," anatero. "Ngakhale tsiku limene kunabwera nduna, ankagwada okha."

"Ndikudziwa, amayi," anatero Elvedin, osadzutsa mutu. Anatenga nsapato yotsatira.