Maliki a M'mbali mwa Nazale

"Ndati usazule, Modester. Ngakhale limodzi."

"Amayi, Chancy akubwera lero. Lero masana! Mukufuna ndimuphikire chiyani, bonongwe?"

"Bonongwe wakulera mpaka Folomu 4, lero wayamba kununkha?"

Anali kudimba m'mawa, dzuwa la Okutobala litayamba kale kuluma. Mai Agnesi Mwale anali ndi kheni yothirira nazale ya fodya m'manja, pamene mwana wawo Modester anali atagwada pa kabedi kakang'ono m'mbali mwa nazaleyo, dzanja litagwira kale tsinde. Pa kabedipo panali maliki, anyezi uja wa masamba aatali wopanda mutu, wa fungo lofatsa. M'mudzi wonse wa Kapelula anali nawo ndi Modester yekha. Mbewu yake anamupatsa ndi Sisitere Marleen a ku Belgium pamene ankabwerera kwawo. Pa tchuthi Modester ankathandiza kukhitchini ya masisitere ku parishi, ndipo komweko anaphunzira chakudya cha kwawo kwa sisitereyo, chimene ankachitcha situmpu: mbatatesi yophwanya pamodzi ndi maliki, batala ndi mkaka.

"Tamvera," anatero amayi ake, akutula kheni pansi. "Mbozi zinayamba kudula maliki akowa, ine ndinamva chisoni. Sabata yatha ndinatapa mankhwala a njere zakuda aja timathira m'nazale, ndinawazako pa bedi lakoli. Mbozi zinatha, inde. Koma mlangizi anati mankhwala amenewa ndi a fodya basi. Tidikire abwere timufunse."

"Abwera liti? Chaka chamawa?"

"Akabwera."

Kudikira! Modester ankadana nawo mawu amenewa. Chitsirizireni sukulu anali akungodikira. Anadikira zotsatira za mayeso. Anadikira mayina a opita ku yunivesite, ndipo lake panalibe. Tsopano ankadikira Chancy, mnzake wa kusekondale amene ankaperekera zakudya pa hotelo ina ku Lilongwe. M'maganizo mwake anali ataziona kale zonse: Chancy atakhala pakhonde, malaya oyera, akulawa supuni yoyamba, kenako akumuyang'ana nthawi yaitali. Akanena chiyani pamenepo Modester sankadziwa bwinobwino, koma ankadziwa kuti pambuyo pa mawuwo sadzasokanso fodya m'chigafa mpaka zala kuda bii.

Azakhali ake a Nthanda, mlongo wa abambo ake, anali akuthirira repu m'dimba loyandikana, khutu lili kuno.

"Alamu, mwanayu mukumuvutitsa chabe," anakuwa. "Ife repu wa m'mbali mwa nazale timadya chaka ndi chaka, tafa? Iwe Modester, tsuka ndi sopo kawiri, uwiritse kwambiri. Moto umapha chilichonse. Mwamuna wa m'tauni ukamuphonya lero, akamudyetsa ena."

"Inu alamu, musamupusitse mwana," anatero Mai Mwale. Anamanga mpango kumutu. "Ine ndikupita kumaliro kwa a Kalekeni. Ndidzapeze bedi ili lili momwemu."

Amayi ake asanafike n'komwe pamsewu, Modester anali atazula maliki onse onenepa.

Anaphika ngati akupemphera. Anasenda mbatatesi imene anagula ku Boma, naidula, naiika pa mbaula ndi mchere. Maliki anawang'amba m'litali, natsuka dothi lobisala pakati pa masamba. Anawatsukanso ndi sopo monga anenera azakhali, nawatsukuluza mpaka madzi anayera mbee. Anawaduladula tizidutswa topyapyala nawakazinga pa moto wochepa mu majarini, poti batala ku golosale ya a Salehe kunalibe, mpaka anafewa osapsa. Mbatatesi itapsa anakhuthula madzi, naiphwanya ndi mthiko, nathira mkaka wofunda pang'onopang'ono, kenako maliki aja. Sanaiphwanye yonse kuti isalale, chifukwa Sisitere ankati situmpu yabwino imafuna timibulu. Analawa kunsonga kwa supuni. Inali ndendende ya ku parishi.

Anasamba, anavala diresi lake lachikasu, nakhala pakhonde maso ali kumsewu. Njinga yamoto iliyonse ikamveka, mtima unkadumpha. Dzuwa litapendeka, foni inalira. Unali uthenga: "Sori Mode, abwana andikaniza. Tionana Disembala."

Abambo ake, a Aloysius Mwale, anamupeza akulira, poto ali pambali pake. Iwo anali atachokera kokonza denga la chigafa, udzu uli m'tsitsi, ndipo za mkangano wa kudimba sankadziwa kanthu.

"Mayi wanga, wamwalira ndani?"

"Palibe, ababa. Sabwera."

Bamboyo anayang'ana diresi lachikasu, nayang'ana poto. Sanafunse kuti sabwera ndani.

"Ndiye chakudya cha azunguchi chitayidwe? Tabweretsa kuno. Mlendo ndine lero. Ndachokera kutali, kuseri kwa nyumba."

Modester anaseka misozi ili m'masaya. Anawapakulira. Za njere zakuda zija zinabwera m'mutu mwake, koma anadziuza kuti anatsuka ndi sopo, anakazinga, zatha. Iye sanadye. Abambo ake anamaliza mbale, napempha ina, napala ndi m'poto momwe, akuyamikira supuni iliyonse.

Sipanapite nthawi yaitali. Anayamba ndi thukuta, lambiri ngati awathira madzi. Kenako malovu anayamba kutuluka okha, m'mimba mukupota. Anasanza. Atafuna kuimirira miyendo inakana, ndipo minofu ya pankhope inkanjenjemera yokha.

"Azakhali! Azakhali, thamangani!"

A Nthanda anafika akupuma mofulumira. "Bweretsa mkaka! Mkaka umatsuka m'mimba. Sungunulanso mchere m'madzi, asanze zonse. Kuchipatala n'kutali, tithana nazo pompano."

Modester anathamanga uku ndi uku, kapu m'manja, mkaka ukutayikira pa diresi. Abambo ake anatsamwa nawo mkakawo, nayamba kupuma mokhala ngati m'chifuwa muli madzi. Ankamuyang'ana koma ngati sakumuona. Iye anawagwira mutu, akuwaitana, osadziwa chochita china. Zonse zimene anaphunzira kusukulu, palibe chimene chinabwera.

Mai Mwale anawapeza choncho pochokera kumaliro. Anaona masamba a maliki pa dzala, anaona poto wopanda kanthu. Sanakalipe. Anangothamangira ku golosale, nsapato m'manja.

A Salehe anatseka golosale makasitomala ali pakhomo, nabweretsa galimoto yawo yonyamulira katundu. Msewu wonse Modester anali kumbuyo, atawapakata abambo ake pakati pa matumba opanda kanthu, fumbi likuwakwirira, akuwerenga kupuma kwawo.

Pa chipatala chaching'ono cha m'deralo anawalandira anamwino, Mai Sabiha Uthman. Anawatsegula maso a Mwale ndi chala, naona kuti timadontho takuda ta m'maso tachepa ngati nsonga ya singano.

"Apopera mankhwala lero?"

"Ayi," anayankha Mai Mwale. "Adya ndiwo za pa bedi limene ndinathirapo mankhwala a nazale." Anatulutsa paketi yake, imene anakumbukira kuitenga.

Anamwino anawerenga paketiyo mofulumira, nawabaya jakisoni a Mwale, nawaika diripi, naitanitsa ambulansi ya ku Boma. Anawabayanso kachiwiri. Podikira galimotoyo ndi pamene anatembenukira kwa amayi ndi mwana.

"Wophika ndani?"

"Ndine," anatero Modester. "Koma ndinatsuka, anesi. Ndi sopo. Ndinakazinganso."

"Mwanawe, mankhwala awa sakhala pamwamba pa tsamba ngati fumbi. Anapangidwa kuti alowe m'mizu, akwere m'mbewu monse, kuti kachilombo kakaluma paliponse kafe. Ndiye sopo atsuka chiyani? Ali m'kati. Ndipo poto sungamudalire kuti awachotsa. Paketi iyi yalembedwa kuti ndi ya fodya. Sanalembepo ndiwo."

"Azakhali anati iwo amadya chaka ndi chaka."

"Amadya, inde. Mutu ukawawawa amati ndi dzuwa, m'mimba mukapota amati ndi madzi a pachitsime. Nyengo ya nazale ino ndimalandira anthu otere, ena ndi ana. Munawapatsa chiyani kunyumba?"

"Mkaka. Ndi madzi a mchere."

Anamwino anapukusa mutu. "Munthu amene akulephera kumeza simumukakamiza kumwa kapena kusanza. Zimalowa m'mapapo. Nthawi imene munataya ndi makapu ija inali yoti mukhale muli pamsewu. Koma amayi mwachita bwino kubweretsa paketi, yandiuza chochita. Iwenso unalawako?"

"Pang'ono."

"Ukwere nawo, akakuyeze."

"Achira?" anafunsa Mai Mwale.

"Sindingakulonjezeni, mayi. Tiyeni afike kaye ku Boma."

Ku Boma, pa chipatala cha Kasungu, a Mwale anawaika pa mpweya. Modester anamuyeza, namuuza kuti mutu ndi nseru zimene ankamvazo zitha. Anakhala pa benchi la pakhonde la wodi ndi amayi ake. Ankafuna amukalipire, ngakhale kumumenya kumene. Koma Mai Mwale ankangoyang'ana manja awo.

"Ndinathira ndine," anatero kamodzi kokha, osayang'ana mwana wawo.

"Ndinazula ndine, amayi."

Foni ya Modester inalira kawiri m'thumba, iye sanaitulutse.

Tsiku lachiwiri masana anawalola kulowa. Adokotala anati choopsa chachikulu chadutsa, koma chifuwa chagwidwa chibayo chifukwa cha zimene zinalowa m'mapapo, ndipo sanganene kuti atuluka liti. Kumudzi nazale inali ikudikira madzi, chigafa chili ndi denga la theka.

A Mwale anali atagona chagada, nkhope itagwa, manja akunjenjemerabe pa bulangeti. Modester anagwada pambali pa bedi.

"Ababa, ndinkadziwa. Amayi anandiletsa. Ndinakupakulirani ndikudziwa."

Bamboyo anatenga nthawi kuti apeze mpweya.

"Mlendo uja anabwera?"

"Ayi."

"Chitsiru."

"Koma inu munamaliziranji poto yense? Zamajarini simuzikonda, ababa. Ngakhale pa buledi mumakana."

A Mwale anayesa kuseka, chifuwa chinawaletsa. Anasuntha dzanja mpaka linafika pamutu pa mwana wawo.

"Sindinachikonde n'komwe. Chinali ngati phala la mwana." Anapuma. "Ine ndimangofuna uleke kulira, Mode. Basi."

Phunziro: Mankhwala a fodya ndi a fodya, tisawathire pa ndiwo, ndipo tisadzale ndiwo m'mbali mwa nazale, chifukwa amene alowa m'mbewu sachoka ndi sopo kapena kuphika. Munthu akadya zotere tisachedwe ndi mkaka kapena kumusanzitsa. Tithamange naye kuchipatala, paketi ya mankhwalawo ili m'manja.