Kolasi ya Kabichi

Mchimwene wanga Evance adatulutsa chimbale chimodzi chokha, ndipo mpaka lero ndikamva anthu akuchitchula kuti chimbale cha Tikondwe, mtima umandiwawa. Tikondwe ndi mlamu wanga, mkazi wa Evance. Timagulitsa moyandikana m'mbali mwa msewu pa Nsipe, iye kabichi, ine tomato. Kupeka nyimbo sadziwa, ngakhale mzere umodzi.

Wopeka ndi Evance. Kuyambira ali ku sekondale ankayenda akung'ung'udza mavesi a rapu, mpaka anzake adamupatsa dzina loti Chibonga, ati mawu ake amagunda pamutu. Ankaimba za agogo athu amene adabwerako ku migodi ya ku Joni ndi chifuwa, za anyamata a kabaza, za alimi a mpunga a ku Bwanje. Adagulitsa njinga ndi mbuzi zake kuti akajambule nyimbo ku situdiyo ina ku Blantyre. Tikondwe adangomuperekeza, ati akaoneko tauni.

Kumeneko mwini situdiyo adati nyimbo imodzi ndi youma, ikufunika mawu a mzimayi pakati. Adafunsa Tikondwe ngati amaimba. Iye adaseka, n'kungoimba zomwe amakuwa tsiku ndi tsiku basi ikamachepetsa liwiro: "Taimani adalaivala, kabichi wanga angafote." Kolasi idakhala yomweyo.

Chimbale chitatuluka, Evance adayenda yekha kukachipereka kwa anyamata oika nyimbo m'mafoni, kuchokera pa Nsipe mpaka ku Manjawira. Poyamba kudali zii. Kenaka nyengo ya maukwati idafika, nkhani n'kuipa.

Amene adakhalapo pa perekaniperekani akudziwa kuti nyimbo siifika kumapeto. Woyendetsa mwambo amaitana gulu, kaya akuchikazi kaya akumpingo, nyimbo n'kuyamba, anthu n'kuvina akuponya ndalama m'beseni. Posakhalitsa nyimbo yadulidwa, kwaitanidwa ena. Choncho DJ wanzeru sayambira koyambirira, amalumphira pokoma. Pa nyimbo ya Evance onse ankalumphira pa kabichi, ndipo vesi isanafike adula kale. Nyimbo idamveka Ntcheu yense, koma mawu a mwini wake sankamveka ngakhale amodzi.

Pamsewu zinthu zidasintha. Makondakitala ankaloza pawindo kuti mayi wa nyimbo uja ndi uyo. Anthu ankatsika kudzajambulitsa naye, n'kugula kabichi amene sankamufuna n'komwe, tomato wanga akupsa ndi dzuwa pambali pomwepo. Nsanje ndidali nayo, nanga ndine mwala? Koma yanga idali yaing'ono. Ya Evance idamuwondetsa. Adasiya kudutsa pamsika, ndipo Tikondwe akang'ung'udza potsuka mbale iye ankatuluka m'nyumba.

"Iwe Sibongile," adandiuza tsiku lina, "ndikufuna andimvere kamodzi kokha. Akadana nazo adane nazo, bola adziwe kuti nyimboyi ndi yanga."

Mwayi udabwera. A Anwar, agolosale a ku Manjawira, adatumiza uthenga kuti mwana wawo Aziza akukwatiwa ndipo akufuna nyimbo ya kabichi ikaimbidwe pamaso pa alendo. Evance adauza mkazi wake ine ndili pomwepo.

"Inu mutsala. Aitana woimba."

"Nanga pa kolasi paja aimba ndani, bambo?"

"Kolasi aimva mokwanira. Ulendo uno amva vesi."

Tikondwe adangoyang'ana pansi n'kupitiriza kusadzula masamba ofota a kabichi. Ine mumtima ndidati achita bwino achimwene.

Ndidapita naye ndine. Phwando lidali masana, mu tenti kuseri kwa golosale. Evance adavala jekete yachikopa dzuwa la Okutobala likuswa mtengo. Adapangana ndi DJ kuti aike ng'oma zokha zopanda mawu, kuyambira koyambirira, ndipo adapempha a Maynard, oyendetsa mwambo, kuti asadule.

A Maynard adaitana akuchimuna onse. Anthu adadzuka, ndalama zili m'manja, ziuno zakonzeka. Evance adayamba. Ndikunenetsa, adaimba bwino kuposa m'chimbale, mawu akutuluka ngati ufa pachigayo. Pofika pa agogo ndi chifuwa chawo ine misozi idalengeza. Koma anthu adangoima, akugwedeza mitu mwaulemu, kudikira. Palibe adaponya kanthu. Mayi wina wachikulire adafunsa mnzake mokweza ngati amenewa ndi malonje.

Vesi yoyamba itatha, Evance adalumpha kolasi n'kulowa yachiwiri. Ena adayamba kubwerera m'mipando. Mkwatibwi adayang'ana bambo ake, beseni lili mbee patsogolo pake. Paukwati beseni lopanda kanthu ndi manyazi a banja lonse, ndipo a Maynard ankadziwa zimenezo. Adayamba kuyandikira pang'onopang'ono, maiki ili pakamwa.

Ndidamuyang'ana mchimwene wanga. Thukuta lidali chuchuchu m'jekete muja. Adatsinzina, n'kusiya vesi pakati, ndipo ndi mawu ake okhuthala aja adaimba: "Taimani adalaivala, kabichi wanga angafote."

Tenti yonse idalandira. Azimayi adaimba nthungululu, amene adakhala pansi adadzukanso, fumbi lidabuka. Adamubwerezetsa mzere womwewo mpaka beseni lidasefukira, mawu ake n'kusasa. Iye ankamwetulira ndi mano okha. Ine ndidali nditalumbira kuti sindivina, koma miyendo idandipandukira, ndipo zimenezo zidandikwiyitsa kwambiri.

Mwambo utatha a Anwar adabwera kudzamugwira chanza ndi manja awiri. Ndi bambo abwino, ofatsa, sankafuna kulasa munthu.

"Zikomo mwana wanga, mwatichotsa manyazi," adatero. "Poyamba paja ndimayesa mwaiwala nyimbo."

Evance adangoti, "Ayi, bambo."

"Mwayesetsa ndithu, pakuti nyimbo ya eni ndi yovuta. Mukawauze eni akewo kuti tawasowa. Mng'ono wake wa Aziza akamadzakwatiwa adzabwere okha."

Ndidafuna kulankhula, koma Evance adandigwira mkono.

"Ndikawauza," adatero.

Adakamuuzadi Tikondwe madzulo omwewo, mawu onse osasiyako. Ku situdiyo sadabwererekonso.