Chipewa cha Bronte

Narelle ankawotcha masoseji pabwalo la kalabu yawo ku Wagga Wagga, monga amachitira Loweruka lililonse, pamene Bronte anatulukira. Awiriwa anakulira m'timu imodzi ya mpira wamiyendo ya atsikana, ndipo womwetsa zigoli anali Narelle, mpaka bondo linamugwiritsa mwala. Bronte anapitirira: ku Sydney, ku Sweden, kenako timu ya dziko, kumene aliyense wosewera koyamba amapatsidwa chipewa cha nambala yakeyake.

Tsikuli chipewacho chinali m'manja mwake, anthu atamuunjirira ngati ntchentche.

"Iwe Narelle, ukupserezabe masoseji mpaka lero?" anatero Bronte, akumukumbatira.

"Bola masoseji. Penate unaphonya ija tinaionera tonse pa kanema."

Bronte anaseka mpaka misozi, n'kutembenukira anthu. "Uyu ankandiposa kutalitali. Chipewachi ndapereka ku kalabu, koma chizikhala pafupi ndi iyeyu."

Anthu anawomba m'manja. Tcheyamani wa kalabu anathamangira hamala, n'kukhoma msomali pakhoma la kantini, pamwamba penipeni pa chitofu chimene Narelle amawotcherapo masoseji.

Narelle anamwetulira mpaka masaya kuwawa. Bronte akanamutukwana, iye sakanasowa choyankha. Tsopano Loweruka lililonse, akati adzutse mutu kuthawa utsi wa anyezi, chipewa chili pompo.