Kalata Imene Inagona M'buku Langa

Dzina langa ndine Sauda, ndipo nkhaniyi sindinauzepo ngakhale mnzanga mmodzi. Munali mu 1986, nditangomaliza Fomu 2, mitengo ya jakaranda ikuwaza maluwa m'misewu.

Uthenga unafika Lamlungu m'mawa kuti achimwene awo a ababa amwalira ku Nkhotakota. Kwa ife Asilamu maliro sagonera, choncho ababa anayenera kukwera basi nthawi yomweyo. Ababa, a Sumaila, ankayendetsa lole ya sitolo ya a Mahesh ku Old Town, ndipo Lamlungu sitoloyo imakhala yotseka.

"Sauda, iwe wapita kusukulu," anatero akumanga nsapato. "Lemba kalata m'Chingerezi kuti ndibwera sadaka ikatha. Ukapereke kunyumba kwa a Mahesh ku Area 47, m'manja mwawo."

Ndinailemba katatu kuti ioneke bwino.

Kunali kuyamba kufikako. Pageti ndinaona kapinga wobiriwira, pomwe kwathu kunali fumbi lokhalokha. Pakati pa kapingayo kachitsulo kankazungulira kokha, kakumwaza madzi, ndipo m'madzimo munali kautawaleza. Ndinaima. Ndinadziona nditakhala pakhonde lija ndikuwerenga, mapazi ali m'madzi, palibe wondituma. Sindikudziwa kuti ndinaima nthawi yaitali bwanji.

"Ukufuna yani, mtsikana iwe?" anafunsa bambo wina wosamalira maluwa.

Pakamwa panga panayankha pokha. "Palibe. Ndasochera."

Kunyumba ndinaika kalatayo m'buku langa la jogalafe, pakati pa mapu a nyanja zazikulu. Amayi atafunsa ngati ndapereka, ndinagwedeza mutu kuvomera. Ndinkati ndipita mawa. Mawalo ndinatinso mawa.

Ababa anabwera patatha masiku asanu ndi limodzi, n'kupeza makiyi a lole ali ndi munthu wina. Anawapatsa pepala loti achotsedwa ntchito chifukwa chojomba osanena.

Masabata atatu anakhala pakhomo. M'mawa uliwonse ankasita yunifomu yawo ya khaki, n'kuipachika pamsomali. Kumzikiti anthu ankati a Mahesh abisa kalata dala, ndipo ababa ankavomereza. "Mwana wanga sanama," ankatero. Ine ndinkalota loleyo ikuyenda yokha pakapinga, yopanda woyendetsa, madzi akuigwera pagalasi.

Kenako ababa anakadandaula ku ofesi ya Leba, ndipo tsiku la mlandu ananditenga.

"Ukangonena zoona, basi. Bukulo n'lachiyaninso?"

"Ndizikawerenga pamzere," ndinatero.

Mkulu woweruza anali a Paxton Chimombo, bambo wa magalasi ochindikala. A Mahesh anakhala pampando wa kuzenera, chipewa chili pabondo. Kudenga fani inkazungulira pang'onopang'ono ngati kachitsulo kaja.

"Zaka khumi ndi ziwiri, Sumaila," anatero a Mahesh. "Ukanangondiuza! Katundu anagona pabwalo, makasitomala akundinyoza. Kalata yakoyo inabwera ndi mphepo?"

"Inabwera ndi mwana wanga uyu."

A Chimombo ananditembenukira. "Mwanawe, kalatayo unapereka kwa yani?"

Ndinayang'ana fani ija. Ndikanatha kunena kuti ndinapatsa bambo wa maluwa uja, koma ndinaona m'maganizo nayenso akusita yunifomu yopanda kopita nayo. Ndinatsegula buku. Envulopu inali itaphwatalala, kaduwa ka jakaranda katauma pamwamba pake.

"Sindinapereke," ndinatero. "Ndinachita manyazi pageti."

"Kweza mawu, sitikumva."

Ndinabwereza. Sindinayang'ane kumene kunali ababa.

A Chimombo anang'amba envulopu, n'kuwerenga mokweza mpaka deti lake. Mawu anga omwe anamveka ngati a munthu wina, munthu wolimba mtima.

"Chingerezi chabwino chonchi n'kuchisunga m'mapu?" anatero, akuvula magalasi. "A Mahesh, munthuyu anali ndi chifukwa, ndipo anayesa kukuuzani. Inunso simunaname. Ine ndikuona kuti abwerere pantchito, mumulipire masabata atatu amene wakhala pakhomo. Masiku a kumaliro aja mukhoza kudula."

A Mahesh anazunguza chipewa chawo kanthawi. "Mnyamata ndinamulemba uja wagwetsa kale mpanda wa sitolo," anatero. "Lolemba ubwere, Sumaila. Koma tsiku lina usadzatume wamanyazi."

Pobwerera tinayenda wapansi mpaka pamlatho wa Lilongwe. Pansi amayi ena ankachapa, nsalu zawo zitayalidwa pamiyala. Ababa anaima n'kugwira chitsulo cha mlatho.

"Ndinanena munthu kuti ndi wabodza pamaso pa a Shehe," anatero. "Lachisanu ndikakonza zimenezo."

"Pepani, ababa."

"Unaona chiyani pageti pamenepo?"

"Madzi. Ankazungulira okha."

Anaseka pang'ono, m'mphuno. "Ndimawadziwa. Inenso ndikapita kukasiya katundu ndimaima."

Lolemba yunifomu inachoka pamsomali. Kaduwa kaja kadakali m'buku.